Tsiku Limene Ndinasinja ndi Madzi M'kamwa

Ndikukumbukira, eee, ndipo zaka musandifunse, poti kwathu ku Dowa sitinkawerenga zimenezo. Ndingoti musi wa amayi unkandiposa kutalika, koma ndinali nditayamba kale kuunyamula. Dzina langa lenileni ndine Esinati, koma pamudzi ndi ochepa ankalitchula. Onse ankangoti Nalipenga. Pakamwa pangapa, abale! Ndikaitana mbuzi zathu kudambo, zinkabwera ndi za eni ake zomwe. Ndiponso ndinali ndi nthenda ina imene sinandichoke mpaka lero, yotsanzira anthu. Munthu angolankhula kamodzi ine ndili pomwepo, basi mawu ake ndatenga, kayendedwe ndatenga, ngakhale katsokomoledwe.

Chaka chimenecho akulu anga a Marita ankakwatiwa, ndiye panafunika ufa wambiri. Chigayo kunalibe kufupi. Woyang'anira ntchito ya ufa anali amayi aakulu, aNachisale, mkulu wawo wa amayi anga, mzimayi wamfupi, wosalankhulalankhula, woti akakuyang'ana umayamba kukumbukira zonse zimene walakwa sabata imeneyo. Anaika mitondo inayi pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa nkhokwe, n'kutigawa atsikana awiriawiri. Ine anandipatsa Feliya, mwana wawo, msinkhu umodzi ndi ine.

Feliya ameneyo! Kamunthu kofatsa ngati nkhunda yonyowa. Ukamufunsa kanthu, yankho umakalipeza pa nsidze.

Tsono inu obadwira pa chigayo simudziwa, ndikuuzeni. Anthu awiri akamakonola chimanga mumtondo umodzi, misi imalowa mopokezana. Wako ukamatsika, wa mnzako ukukwera. Gu, gu! Gu, gu! Chimene chimakugwirizanitsani ndi nyimbo. Wina amayambitsa, wina amavomera, ndipo musi uliwonse uli ndi malo ake m'nyimbomo. Pamtondo m'pamenenso amayi ankanenera zakukhosi. Mwamuna waulesi ankaimbidwa iye ali pomwepo, ndipo sakanakasuma kulikonse, poti ndi nyimbo. Imene tinkaikonda ife inali ya amalume athu ena amene anayamba kusoka mphasa imodzi ine ndisanabadwe, osaimaliza:

Ati ufa wachedwa,
Wachedwa, dede, wachedwa!
Iwo ali pamthunzi,
Pamthunzi, dede, pamthunzi!
Kusoka mphasa yosatha,
Yosatha, dede, yosatha!

Mwaiona? Woyambitsa amaponya mawu, wovomera amangotola omaliziraawo. Yosavuta n'komwe. Koma Nalipenga kuti adikire munthu? Kuyambitsa ndine, kuvomera ndine, kutsanzira amalumewo akuyasamula pamthunzi ndinenso. Feliya akati atsegule pakamwa, ine ndadutsa kalekale. Atsikana a mitondo inayo kuseka, kuchita kugwira nthiti. Ine kumva kusekako, mutu unakula. Ndinayamba kuithamangitsa nyimbo. Ndinayamba zoponya musi m'mwamba, kuwomba m'manja, pha, n'kuuwakha.

"Esinati, pang'onopang'ono," anatero Feliya, kamawu ngati udzudzu.

"Iwe fulumira! Ukusinja ngati unadya dzana!"

Ndiye ndinauponyanso, kuwomba kawiri kuti aone ukatswiri, kuwakha, n'kutsitsa ndi mphamvu zanga zonse, pamene wa Feliya unali usanatuluke. Gwa! Misi inawombana. Wake unamubwerera n'kumumenya pamlomo, mtondo uko gubudu, chimanga chonse mumchenga. Nkhuku zinabwera ngati zachita kuitanidwa.

Feliya sanakuwe. Anangokhala pansi, dzanja pakamwa, magazi akutsika m'zala. Dzino lakutsogolo linali litabenthuka. Anakula nalo dzino lobenthukalo, anakwatiwa nalo, mpaka kumanda analowa nalo.

ANachisale anabwera, kumuyang'ana mwana wawo m'kamwa, kundiyang'ana ine. Ndinati lero mkwapulo ulira. Ayi. Anangoti, "Tola." Ndinatola chimanga chija kamodzikamodzi, ndikulimbana ndi nkhuku, mpaka maondo kusupuka. Ndinkati chilango ndi chimenechi, chatha. Kalanga ine!

M'mawa mwake anandiitana pamtondo pomwe paja. Feliya anali ataima kale ndi musi wake, mlomo utatupa ngati walumidwa ndi mavu. Pambali panali dengu lodzaza chimanga. ANachisale anandipatsa chikho cha madzi.

"Udzaze m'kamwa. Usameze, usalavule. Usinja ndi Feliya mpaka dengu ili lithe. Ukameza, ndibweretsa lina."

"Amayi, nanga nyimbo aimba ndani?"

"Umva."

Mayo ine! Mukanandimenya bwenzi zili bwino. Masaya kuwawa, khosi kufuna kumeza lokha, mawu akuyabwa pa lilime ngati chitedze. Wina wadutsa ndi kayendedwe koseketsa, ine osatha kunena kanthu. Sindinafike n'pakati pomwe, ndinangomva kuti kwiti, ndameza. ANachisale anangopita kunkhokwe n'kubwera ndi dengu lachiwiri, kuliika pambali pa loyamba. Atsikana enawo kuseka. Ndinadzazanso m'kamwa, misozi ili mbwee.

Ulendo wachiwiriwu m'pamene zinayamba kundichitikira. Poti pakamwa patsekedwa, makutu anatseguka okha. Ndinamva chimanga chikusintha kalirilidwe, poyamba kuti khwa, khwa, gaga akamachoka n'kumati fu, fu. Ndinamva kuti Feliya asanatsitse musi amayamba wapumira m'mphuno, hm, kenako gu. Masiku onse aja ankandichenjeza choncho kuti ndikubwera, ine osamva. Ndinayamba kudikira kuti hm ija imveke. Misi inayamba kuyenda yokha, ngati ikudziwana.

Kenako, abale anga, ndinamva nyimbo. Ndinatembenuka kuti akuimbayo ndani. Feliya! Ndi mlomo wotupawo! Mawu ake anali aang'ono koma osalala, olowa mpaka m'mafupa. Mitondo inayo inayamba kuima umodziumodzi. Amayi ena amene ankapeta anasiya lichero lili m'malere. Feliya anaimba ya mphasa ija, onse n'kumavomera. Itatha anandiyang'ana ndi kadiso kamodzi, n'kuwonjezera zake zimene anapeka pomwepo:

Lipenga lamira m'madzi,
M'madzi, dede, m'madzi!

Bwalo lonse linavomera, ena kuchita kugwa pansi ndi phwete. Ine kufuna kuseka, kufuna kulira, madzi kutulukira m'mphuno, koma sindinameze. Kani kamunthu kaja kanali ndi nthabwala zoposa zanga!

Madengu onse atatha, aNachisale anati, "Lavula." Ndinalavula.

"Wamva chiyani?"

"Ndamva Feliya."

"Wayamba kukhala naye liti Feliya?"

Analoza mtondo n'kupitiriza.

"Mtondo ndi umodzi, misi ndi iwiri. Musi wako ukakwera m'mwamba si kuti ukupuma ayi, ukumupatsa mnzako malo. Ukafuna kumalowa wekhawekha, kasinjire kuthengo. Tsopano iye ayambitse, iwe uvomere."

Kuyambira tsiku limenelo ine ndi Feliya tinali osagonjetseka pamtondo. Iye kuponya, ine kutola. Ufa wa ukwati unakwana n'kutsala. Ndinati basi, ndaphunzira. Kodi munthu amaphunzira kamodzi?

Zaka zinapita. Ndinakwatiwa, ndinabereka asanu ndi awiri, ndinaika atatu, ndinaikanso bambo awo. Chaka chija anthu ankati dziko litha ikakwana 2000, silinathe, ndipo patangopita zaka zochepa mwana wanga Flora, amene ndi namwino, anandiitanitsa ku Canada, kumalo otchedwa Mississauga. Dzina lokhalo ndinatha mwezi ndikuliphunzira. Kumeneko ndinakapeza mdzukulu wanga Tadala, wobadwira konko, wa zaka khumi ndi zitatu, wamtali ngati bango.

Mwanayo anayesetsa, ndisaname. Tsiku lililonse akaweruka kusukulu ankabwera kukhitchini kumene ndinkakhala, n'kupinda maondo pang'ono monga anamuphunzitsira mayi ake.

"Agogo, mwa-swe-ra bwa-nji?"

Lilime lolemera, mawu akutuluka limodzilimodzi ngati akuwatunga m'chitsime chakuya. Ine kudikira kunkandivuta. Akati, "Agogo, ndi-ku-fu-na..." ine ndalumpha kale: "Tiyi? Mbatata? Juzi?" Iye n'kungogwedeza mutu, kuchoka.

Ndiye kunali chisangalalo ku Hamilton, m'nyengo yotentha, Amalawi ndi anzathu a ku Zambia tinasonkhana mu holo ina. Aku Mangochi anabwera ndi mpunga wonunkhira, aku Chipata ndi chikanda, nyama ikupsa panja. Anthu atakhuta anayamba: "Agogo Nalipenga, tiseketseni!" Ine n'kukana? Ndinaimirira. Ndinatsanzira dalaivala wa basi yathu. Ndinatsanzira mzungu woyandikana nafe akuchonderera galu wake kuti alowe m'nyumba. Holo yonse pansi! Mutu unakula, monga kale lija. Ndinagwira mphuno, kupinda maondo, n'kuti:

"A-go-go, mwa-swe-ra bwa-nji? Ndi-ku-fu-naaa..."

Kuseka kwake kunali kogwetsa denga. Ndili pakati pa kunyada, ndinamuona Tadala ataima pakhomo ndi mbale m'manja. Anaiika pa tebulo mwakachetechete n'kutuluka. Tinakamupeza atakhala m'galimoto.

Kuyambira tsiku limenelo Chichewa chinauma pakamwa pake. M'mawa, "Hayi, Agogo." Potuluka, "Bayi, Agogo." Basi. Ine Chingerezi changa ndi cha pa basi, chongoti thenkyu ndi sore. Nyumba imodzi, tebulo limodzi, tikulankhulana ndi zala ngati alendo pamsika. Flora ankati, "Amayi, mwanayu munamupweteka." Ine, "Aaa, nthabwala chabe, aiwala!" Sanaiwale. Chaka, chachiwiri, chachitatu. Ndinkaimba pasinki potsuka mbale, ndinkaimba popinda zovala, mokweza ngati kale, koma mumtima ndinali ndi mantha amodzi: kuti ndidzafa mdzukulu wanga asanandilankhulenso m'chinenero chimene ndimamva.

Chaka chake chomaliza kusekondale, aphunzitsi anawapatsa ntchito yojambula filimu yaifupi, ya mphindi zisanu, ya zinthu zenizeni osati sewero, yoonetsa mmene nyimbo zimayendera ndi anthu pa tsiku lawo. Tadala anabwereka kamera kusukulu, ya tikaseti tating'ono ngati bokosi la machesi. Anayenda nayo mwanayo! Anakajambula bambo wina woimba gitala kusiteshoni ya sitima zapansi ku Toronto. Anajambula bambo ake, amene amagwira ntchito kubwalo la ndege, akuimba mluzu pometa ndevu. Aphunzitsi ataona anati zili bwino, koma izi aliyense angajambule, kodi kunyumba kwanu kulibe nyimbo imene ife sitinaimvepo?

Ndiye tsiku lina tili pa tebulo, Tadala analankhula kwa mayi ake, mayi ake n'kutembenukira kwa ine. Tonse tili pomwepo, koma mawu kuyenda mozungulira ngati mlandu.

"Amayi, Tadala akuti akujambuleni mukuimba nyimbo yanu ya pasinki ija."

Ine mtima phaa! Ndinavala chitenje chatsopano, duku la kutchalitchi, kukhala pa sofa, manja pamaondo. Tadala anaimika kamera pa miyendo yake itatu, kundikoleka kachingwe kotolera mawu pa bulauzi, n'kuti, "Akishoni," kutanthauza kuti ndiyambe.

Ndinatsegula pakamwa. Zimene zinatuluka, abale, ngati munthu akuimba pamaliro a munthu wosamudziwa. Ndinayesa kachiwiri. Kachitatu. Tadala nkhope yagwa, akuyang'ana pawindo. Ndinaimirira, manja m'chiuno.

"Nyimbo iyi siimbidwa munthu atakhala pa sofa. Mundipezere mtondo!"

Akamwini anga, bambo a Tadala, anatsitsa nyuzipepala. "Apongozi, mtondo ku Mississauga?"

"Nanga ine ku Mississauga ndinapezeka bwanji? Funani!"

Mafoni anayenda masiku awiri. Mtondo unapezeka ku Hamilton, kwa amai Zulu, mzimayi wa ku Chipata wogwira ntchito mu sitolo ya mankhwala. Akamwini anandipatsa foni kuti ndilankhule nawo.

"Ambuya, ulipo, koma ni wa maluwa chabe, uli mu sitingi rumu!"

"Chotsani maluwawo, amai Zulu, mtondo si dimba!"

Musi anali nawo umodzi wokha. Akamwini anapita kusitolo ya matabwa, anagula mtengo wobulungira uja amagwirira pokwera masitepe, anaudula, kuupala mutu mpaka kusalala. Chimanga choyera tinachipeza kusitolo ya zakudya za kwathu ku Africa.

Linali Loweruka m'mawa, filimu ikufunika kusukulu Lolemba. Tinaika mtondo m'galaja, chitseko chotsegula kuti kuwale. Sinowo, chipale choyera chimene chimagwa kumeneko nthawi yozizira, anali akusungunuka m'mbali mwa msewu, mphepo yake yolowa m'mano. Flora anali kuntchito. Mnzanga wosinja naye anayenera kukhala amai Zulu. Anavula jekete, kumanga chitenje pamwamba pa thalauza, kulavulira m'manja ngati katswiri. Anatsitsa musi kakhumi, mwina osakwana.

"Mayo phewa langa! Ambuya, ine ninasiya izi nili mwana. Manje nimanyamula chabe mapilisi!"

Anakhala pa bokosi akupuma ngati ng'ombe yapangolo. Tadala anagwira mutu. Popanda misi iwiri palibe nyimbo, popanda nyimbo palibe filimu. Amai Zulu anamulankhula m'Chingerezi, akuloza musi, akuloza kamera, kusonyeza kuti iwe tenga, makinawa ndiyang'anira ine. Mwanayo anavula magolovesi, n'kuutenga musi uja osandiyang'ana.

Ndinawaza madzi pa chimanga. Fungo lake litangondifika m'mphuno, zaka zonse zinandichoka m'thupi. Ndinayamba. Ati ufa wachedwa! Wachedwa, dede, wachedwa! Kuyambitsa ndine, kuvomera ndine, amalume akuyasamula ndinenso. Mzungu wa galu uja anaima pamsewu kuonerera. Ana awiri a panjinga anaimanso. Ine kuona anthu, kuona kamera, mutu unakula. Ndinaithamangitsa nyimbo. Nkhalamba yonse ine, ndinaponya musi m'mwamba, kuwomba m'manja, pha, kuwakha, kutsitsa.

Gwa!

Musi wa Tadala unamupulumuka m'manja n'kukagwera pa simenti. Magazi sanatuluke ayi. Koma kulira kwa misi kuja kunali komwe kuja, kwa pansi pa mango. Mwanayo anayang'ana zikhatho zake, maso atadzaza misozi.

"Ayi kanti, Agogo. Yu neva weyiti."

"Akuti chiyani?"

Amai Zulu anayang'ana pansi. "Akuti sangakwanitse, ambuya. Akuti simuyembekeza munthu."

Tadala anali akupita kukazimitsa kamera. Ine pamenepo sindinaonenso galaja. Ndinaona Feliya atakhala mumchenga, dzanja pakamwa. Ndinati kani ku Hamilton kuja ndinabenthula dzino lina, ndipo zaka zitatu zonsezi ndakhala ndikuti ndi nthabwala.

"Ima!" ndinakuwa, galu wa mzungu mpaka kubwerera m'mbuyo.

Ndinatenga jagi ya madzi owazira chimanga, kudzaza m'kamwa mpaka masaya tuu. Ndinawerama, msana ukulira, kutola musi wake, kumupatsa ndi manja awiri ngati ndikupatsa munthu wamkulu. Anayang'ana ine, anayang'ana amai Zulu, kufunsa ngati agogo mutu uli bwino.

"Kaya, mwana wanga," anatero amai Zulu. "Tenga chabe."

Ndinatsitsa musi wanga kamodzi. Gu. Ndinaukweza m'mwamba, n'kuusiya momwemo. Ndinadikira. Mapewa kuyaka moto, madzi akufuna kutsika okha. Ndinati ngakhale dzuwa lilowe, sinditsitsa.

Gu. Anatsitsa.

Gu, ine. Kudikira. Gu, iye. Pang'onopang'ono ngati maliro. Nthawi zina ankachedwa, nthawi zina ankamenya m'mbali, ine chete, ndikanalankhula ndi chiyani? Kenako ndinaimva. Hm. Kupumira m'mphuno asanatsitse, chimodzimodzi Feliya. Magazi sanama, abale. Ndinayamba kuyendera hm imeneyo. Gu, gu. Gu, gu. Misi inadziwana. Gaga anayamba kuuluka.

Ndiye kamawu kanatuluka, kotsika, konjenjemera, ndi lilime lolemera lomwe lija ndinaliseka pagulu:

"A-ti u-fa wa-chedwa..."

Ndinatsala pang'ono kutsamwa. Anapitiriza. Iwo ali pamthunzi. Kusoka mphasa yosatha. Mawu onse, palibe limene anaphonya! Kani zaka zitatu zonse zija, ine ndikusokosa pasinki, mwanayu ali kuchipinda kwake ankamva, ankasunga. Chichewa sichinamuthere ayi, chinkangosowa polowera. Pamalo povomera panali zii, musi wanga wokha ndi umene unkayankha. Anaizungulira nyimbo kawiri. Kachitatu anandiyang'ana m'maso, koyamba kuchokera tsiku lija la ku Hamilton.

"Agogo. Imbani."

Ndinameza madzi aja, kwiti! Sindinamwepo madzi okoma choncho.

"Ati ufa wachedwa," iye.

"Wachedwa, dede, wachedwa!" ine.

Mbali yanga yokha, osapyola. Ndikamaliza ndinkatseka pakamwa ngati chitseko, n'kumudikira. Iye mawu anayamba kukula. Amai Zulu anaiwala za phewa, akuvina kuseri kwa kamera, misozi ikutsika. Akamwini anatuluka m'nyumba ndi kapu ya tiyi, kuima pakhomo kukamwa yasa. Mzungu uja akugwedeza mutu motsatira misi. Tinachikonola chimanga chonse, mphale yoyera mbee, m'galaja ya ku Mississauga!

Titatha tinakhala pa sitepe, manja atatuluka matuza. Ndinamuuza nkhani ya Feliya, mawu amodziamodzi, ndikuima kuti anditsatire. Akasochera ankafunsa.

"Agogo, dzino... ndi chiyani?"

Ndinatsegula pakamwa n'kumuonetsa atatu amene anatsala. Anaseka, ine ndinasekanso, koma kuseka kwa limodzi. Ndiye ndinamugwira dzanja.

"Tadala mwanawe, ku Hamilton kuja ndinakulakwira. Iwe unkandibweretsera mawu ngati mphatso, ine ndinakawagulitsa kuti anthu aseke. Pepa."

Anakhala chete nthawi yaitali. Lilime langa linkayabwa kuti ndimuyankhire, koma ndinaliluma.

"Chabwino, Agogo," anatero. "Koma... mu-ma-so-ko-sa."

"Eya, chimenecho n'chosachiritsika."

Kamera inali ikuyendabe. Zonsezo zinalowa.

Mafilimu anawaonetsa mu holo ya sukulu sinowo atatha, mitengo itaphuka. Makolo anadzaza, azungu, amwenye, anthu a mitundu yonse ya pansi pano. Ife tinakhala kutsogolo, ine ndi duku langa lija, Flora, akamwini, ndi amai Zulu amene anachita kutseka ntchito msanga. Itafika yathu, ndinangoona nkhope yanga yaikulu ngati khoma la nyumba, masaya ali tuu ngati chule wa m'dambo. Holo yonse inaseka. Ndinati sekani, lero ndi tsiku langa losekedwa. Koma pamene musi wanga unaima m'mwamba ukudikira, kuseka kunatha. Zii, ngati mulibe anthu. Kamawu ka Tadala katayamba, mayi wina wa mpango kumutu amene anakhala pambali panga anandigwira bondo, osandidziwa n'komwe.

Magetsi atayaka anthu anaimirira, m'manja mwawo mukulira ngati mvula pa malata. Aphunzitsi anamuitana Tadala kutsogolo. Anatenga cholankhulira, n'kuyamba ndi Chichewa, pamaso pa anthu onsewo, mosabisa lilime lake lolemera:

"Awa ndi agogo anga. Dzina lawo ndi a Nalipenga."

Kenako anaika manja m'chiuno, kutulutsa chifuwa, kupendeketsa mutu, n'kukuwa ndi mawu anga enieni, osasiyana ngakhale pang'ono:

"Nyimbo iyi siimbidwa munthu atakhala pa sofa! Mundipezere mtondo!"

Flora anagwa pa mpando. Akamwini analira ndi kuseka. Mwana wanditsanzira! Wandibwezera, ndipo wandiposa! Ndinaimirira n'kuimba nthungululu imodzi yokha, ya ku Dowa, aphunzitsi mpaka mapepala kuwagwa m'manja. Atatero Tadala anawaphunzitsa anthu aja kuvomera. Iye kuponya, holo yonse kutola: "Yosatha, dede, yosatha!" Ndinati amalume, kumene muliko, mphasa yanu ija yafika ku Canada, ndipo sinathebe.

Tsono chimene ndikudziwa lero ndi ichi. Moyo wanga wonse ndinkayesa kuti nyimbo ndi mawu amene ukutulutsa, ndipo wokweza ndiye mwini nyimbo. Ayi. Filimu ija ndi ya mphindi zisanu, ndipo pamene anthu amagwira mtima si pamene ndikuimba, koma pamene ndatseka pakamwa, musi uli m'mwamba, ndikudikira mwana. ANachisale anandiuza ndili kamtsikana, ine n'kudzazimvetsa nditatsala ndi mano atatu. Feliya anapereka dzino kuti ndiphunzire, ndipo ndinatsala pang'ono kupereka mdzukulu.

Kusokosa sindinasiye, musanamizidwe. Mzungu wa galu uja amadziwa kuti ndadzuka asanatsegule windo. Koma Tadala tsopano ali kuyunivesite ku Toronto, ndipo Lamulungu lililonse masana amandiimbira foni. Pambali pa foniyo ndimaikapo kapu ya madzi. Akangoyamba kuti, "Agogo, ndi-ku-fu-na...", ine ndimatenga kapu ija, kudzaza m'kamwa, osameza.